Chilombo cha Masaka a Ufa

Atate anga anatsala pang'ono kukhala mkulu wa mpingo, ndipo chimene chinawalepheretsa ndi kanema amene iwo sanamuone n'komwe. Anamuona ndine. Anandilowetsamo ndi amalume, mlongo wawo wa amayi, ndipo amayi sanawakhululukire kwenikweni mpaka ukalamba. Ankangowaphikira tiyi akabwera, poti khoswe akakhala pamkhate sapheka.

Ndiyambe ndi ukuluwo, kuti mudziwe kulemera kwake. Atate anakulira kumudzi, kwathu kum'mawa, kudera kumene mnyamata akasinkhuka amapita kudambwe, malo obisika kumene kumachokera zilombo za gule wamkulu. Amayi anali mwana wa mphunzitsi wa mishoni. Pofunsira ukwati atate anasiya zonsezo, analowa kalasi ya ubatizo, anabatizidwa, koma achibale a amayi ankawatchulabe kumbali kuti "uja wakudambwe". Ku migodi anathawira njala, komanso anathawira mawu amenewo. Ku Kitwe ankagwira ntchito pansi, m'gulu lochirikiza denga la mgodi ndi mitengo, ndipo Lamulungu ankakhala woyamba kufika kutchalitchi chathu cha ku Chimwemwe kukayala mabenchi. Mpingo wonse unali wa anthu akwathu, odziwana mpaka mayina a agogo. Patapita zaka zambiri anawasankha kuti akhale mkulu wa mpingo. Dzina lawo linayamba kulengezedwa paguwa sabata ndi sabata, monga mwa mwambo, kuti ngati alipo wodziwa chifukwa anene tsiku lodzoza lisanafike. Atate anali munthu wosalankhulalankhula, koma masiku amenewo tinkawamva akuimba posamba.

Amalume anali khukhi kwa mzungu wina ku Itawa, ku Ndola. Ufulu utabwera iwo anaulandira ngati katundu wolembedwa dzina lawo. Zonse zimene munthu wakuda ankaletsedwa kale anafuna kuzilawa chimodzichimodzi. Anakagula nyama polowera khomo lakutsogolo la butchala, osati pa kawindo kakumbali. Anakakhala pa benchi ya pasiteshoni imene kale sakanayerekeza kuikhudza, ngakhale panalibe sitima imene ankadikira. Chinatsala chinali kanema wa m'tauni, nyumba ya mipando yofewa imene zaka zonse ankangoidutsa panja atanyamula dengu la bwana. Tsoka ilo, sabata imene anaganiza zolowamo ndi imene ine ndinali kwawo kutchuthi. Ndinali ndi zaka ngati zisanu ndi ziwiri.

Kanema sanali wachilendo kwa ine. Kwathu ku Kitwe ankationetsa ku holo ya m'komboni yotchedwa welofeya, azungu a zipewa zikuluzikulu akuthamangitsana pa akavalo, ife tikukuwa ndi kuponda pansi. Palibe ankamva Chingelezi, ndipo palibe ankachisowa. Koma amalume ankati zimenezo ndi nyenyeswa, kanema weniweni azungu ankatibisira. Titafika tinapeza pakhoma chithunzi cha kamtsikana kachizungu katanyamula kandulo. Bambo wogulitsa matikiti anayang'ana ine, kenako amalume.

"Ba mudala, iyi te ya baice," anatero m'Chibemba, kutanthauza kuti si ya ana.

Amalume anatupa ngati finye. "Kale munkati si ya anthu akuda, lero mukuti si ya ana. Mawa mudzati chiyani? Tipatseni matikiti, ya thuu koloko yomweyi."

Bamboyo anangokweza mapewa n'kutipatsa.

Kamtsikana ka m'kanema kaja kankagona kokha m'chipinda chachikulu, pa bedi lalitali. Makolo ake akazimitsa nyale n'kutseka chitseko, pansi pa bedi pankatuluka dzanja. Poyamba dzanja lokha, la zala zazitali ngati mizu ya chinangwa, likufufuzafufuza pansi. Kenako mutu, wotuwa, wopanda mphuno, pakamwa posokedwa ndi chingwe. M'mawa mwanayo akanena, akuluakulu ankaseka n'kumupatsa mkaka. Ndipo iye akamaopa kwambiri, chinthucho chinkakula. Zimenezi ndinazimva popanda wondimasulira, ngakhale amalume anayesa. Ndikafunsa kuti akuti chiyani, yankho linali limodzi: "Akuti agone." Mayi ake alankhule, akuti agone. Dokotala alankhule, akuti agone. Patapita nthawi amalume omwe anasiya kumasulira, ndipo ndinamva mpando wawo ukulira.

Pamene chinthucho chinatuluka chonse n'kuimirira mpaka mutu kugunda denga, ndinakuwa. Sindinakuwe kamodzi ayi, ndinakuwa osaleka, mpaka azungu a mzere wakutsogolo anatembenuka. Amalume anandinyamula n'kuthamangira panja. Kunja dzuwa linali likuwala bwinobwino, anthu akupalasa njinga, mayi wina akugulitsa mtedza. Onse amene anatsala m'katimo anachiona chikufa, kapena chikupirikitsidwa, kaya anachitani nacho. Ine ndinatuluka chikadali moyo, ndipo ndinakwera nacho basi kubwerera ku Kitwe.

Nyumba yathu inali ya zipinda ziwiri. Atate ndi amayi anali ndi bedi lachitsulo, lokwezedwa pa njerwa, ndipo ife ana tinkayala mphasa pansi, pambali pake, chifukwa chipinda chinacho munkagona alendo ochokera kumudzi amene sankatha. Kamtsikana kachizungu kaja kanali ndi mwayi, kankagona pamwamba. Ine ndinkagona pansi, maso anga atalunjika kumene chinthucho chinkatulukira. Pansi pa bedi lathu panali thiranki, beseni, ndi majombo akale a atate. Majombowo anasanduka miyendo, ndipo chingwe cha thiranki chinasanduka chala.

Tulo tinatha. Pambuyo pa tulo panatsatira chakudya, ndikaika mbamu m'kamwa inkangozungulira. Kuchimbudzi sindinkapita ndekha ngakhale masana, poti dzenje nalonso ndi pansi pa chinachake. Ndinayamba kunyowetsa mphasa, ine mtsikana wamkulu wa sukulu, ndipo mng'ono wanga ankandiimbira nyimbo yonditonza. Amayi anayamba ndi kukalipa, kenako kunyengerera, kenako ananditengera kuchipatala kumene anandipatsa mankhwala owawa a njoka zam'mimba. Mayi wina wa nyumba yoyandikana nafe, wa mpingo wa aja oyenda khomo ndi khomo ndi timabuku, anati n'ziwanda, ndipo n'zimene zimachitika anthu akamathamangira zadziko. Wina wa Chibemba anati akudziwa sing'anga ku Luangwa, amayi n'kumuthokoza ndi nkhope youma. Azimayi a mumpingo anabwera kudzandipempherera, anandigwira mutu mpaka khosi kuwawa. Diresi langa la sukulu linayamba kulendewera ngati lobwereka.

Ndipo onsewo, aliyense, ankamaliza ndi mawu amodzimodzi: "Kulibe chilombo, n'chithunzi chabe." Mpaka lero ndimapsa mtima ndikamva wamkulu akuuza mwana choncho. Mwana waona ndi maso ake, inu simunaone, ndiye mukuti kulibe? Ndi zomwezo zimene akuluakulu a m'kanema muja ankanena, ndipo ndinaona chimene chinatsatira. Aliyense amene ankati kulibe ndinkamuika m'gulu la opatsa mkaka.

Atate nthawi yonseyi ankangoyang'ana. Tsiku lina ataweruka anandipeza ndili pakhonde, ndakhala padzuwa chifukwa ndi pokhapo pamene ndinkatha kuwodzera. Anakhala pansi pambali panga, chinthu chimene sankachita.

"Tandiuza, chinali chotani?"

"Amayi anati ndisamachitchule."

"Ine ndati uchitchule. Yambira kumutu."

Ndinayamba kufotokoza, ndipo iwo sanati kulibe. Anafunsa ngati munthu amene akufuna kugula mbuzi. Mutu unali waukulu bwanji? Manja ankafika pati? Poyenda chinkapinda mawondo kapena chinkakwekweza?

"Nanga mapazi ake unawaona?"

"Ayi. Sankawaonetsa."

Anagwedeza mutu ngati amene wamva zimene amayembekezera. Anadzuka kukasamba, ndipo tsiku limenelo sanaimbe.

Loweruka atate anagwira ntchito ya m'mawa, nabwera masana atamangirira mtolo wa bango kunjinga. Anatulutsa masaka akale a ufa amene amayi ankasungira, waya, chubu chakutha cha njinga, ndi singano yaikulu yosokera masaka. Anaziyala zonse kuseri kwa nyumba, pamtetete, pamene aliyense wodutsa m'kanjira ankatha kuona pamwamba pa mpanda wathu wa maluwa. Anandiitana, nandikhazika pa kampando.

"Lero tichimanga. Iwe ndiwe kapitawo, chifukwa unachiona ndiwe. Ndikalakwitsa unene."

Ndinafuna kuthawa, koma munali masana, ndipo atate anali pomwepo. Anang'amba bango, nalipinda, nalimanga ndi luzi la mphira. Ndinkawadziwa atate kuti ndi a manja, koma izi zinali zina. Sankaima kuti aganize. Zala zawo zinkadziwa pomanga mfundo, polekezera, popindira, ngati za mayi amene akuluka mwana wake tsitsi uku akucheza. Mutu utayamba kuoneka, amayi anatuluka ndi beseni la zochapa. Anaima. Beseni analiika pansi pang'onopang'ono.

"Atate ake mwana, mukudziwa chimene mukumanga?"

"Ndikudziwa."

"Masana ano, pabwalo, dzina lanu lili paguwa? Lowani nacho m'nyumba."

"M'nyumba ndi m'mene chikukhala kale. Ndikufuna achione padzuwa."

Amayi anatsitsa mawu. "Ndiye pamaso pa mwana wamkazi?" Ngakhale mwana wa mphunzitsi wa mishoni ankadziwa kuti zimenezo kwathu sizichitika. Mkazi, kapena aliyense wosalowa dambwe, saona chilombo chikumangidwa.

"Mayi, wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko," anatero atate osadzutsa mutu. "Tamuyang'anani mwanayu mikono yake."

Amayi anandiyang'ana mikono. Kenako anatola beseni lawo n'kupita kumpopi, ndipo anakhalitsa kumeneko kuposa mmene zochapazo zinkafunira.

Tinapitiriza. Atate anandipatsa timitengo kuti ndimange zala ndekha, ndipo nditamanga chimodzi ndinapeza kuti ndayamba kulamula. Zala zitalike. Pakamwa pasakhale powongoka, papendekeke. Mutu utuwe kwambiri. Anatapa phulusa n'kupaka, nandifunsa ngati zakwana, ine n'kuti awonjezere. Pakamwa ndinasoka ndine, iwo atandigwirira saka. Pamene tinamaliza, chinthucho chinagona pansi pakati pathu, chathunthu, ndipo ntchentche inatera pamphumi pake.

"Tsopano usatseke maso," anatero atate. "Uone chilichonse."

Anavula nsapato. Analowetsa manja m'mikono ya masaka ija ndikuona, anadzikulunga thupi ndikuona, ananyamula mutuwo nauika pamwamba pa wawo ndikuona. Komabe ataimirira, mantha aja anandibwerera. Chinali chomwecho. Chinatalika kupitirira denga la nyumba yathu, chinapendeketsa mutu, chinayamba kubwera chikufufuza pansi ndi zala zimene ndinamanga ndekha. Ndinene zoona, chinkayenda bwino kuposa cha azungu chija. Ndinagwira kampando ndi manja onse awiri.

"Yang'ana pansi," chinatero chilombocho ndi mawu otsekeka.

Ndinayang'ana. M'munsi mwa saka munali mapazi awiri akuda, osweka zidendene, ndipo chala chachikulu chakumanja chinalibe chikhadabo, chifukwa mwala unachiphwanya mumgodi ine ndisanabadwe. Chala chimenecho ndinkachidziwa kuposa nkhope yanga, tinkachiseka ndi mng'ono wanga atate akamasamba mapazi.

"Ndani ameneyu?"

"Atate."

"Sindinamve."

"Atate!"

Anagwada, nachotsa mutuwo, nkhope yawo ili thukuta lokhalokha losakanikirana ndi phulusa. Kenako anandiveka ine. M'kati munali motentha, munkanunkha ufa wakale ndi mphira. Ndinkaonera pa timabowo tiwiri, ndipo ndinkangoona kachigawo ka mpanda ndi nkhuku imodzi. Nditayesa kuyenda ndinapunthwa pa mtondo n'kugwa, mutuwo n'kugubuduka. Ndinaseka. Kanali koyamba kuseka chichokereni ku Ndola, ndipo kusekako kunandiwawa m'nthiti.

"Wa m'kanema uja naye ankatuluka thukuta chomwechi," anatero atate. "Naye sankaona bwino. Ataweruka anavula, anasamba, n'kukwera basi kupita kwa ana ake. N'chifukwa chake sanakuonetseni mapazi."

Zikanathera pamenepo, mwina bwenzi atate atadzozedwa. Koma m'komboni mulibe kuseri. Ana a m'nyumba zoyandikana anali atadzaza kale pampanda, ambiri a Chibemba, amene kwa iwo zonsezi zinali masewera chabe. "Moneni iciswango!" ankakuwa, kuitana anzawo kuti adzaone chilombo. Anachonderera kuti atate avalenso. Ine ndemwe ndinachonderera nawo, ndikufuna aone kuti sindikuopa. Atate anavala. Ana anabalalika akukuwa mokondwa, nabweranso, ena akuomba m'manja, wina n'kutola chitini chopanda kanthu kuyamba kuchimenya ndi mtengo. Ankangomenya mwachisawawa, koma penapake kamenyedwe kake kanagwera pamalo. Ndipo mapazi a atate anayankha. Sizinatenge nthawi, mwina kupuma kuwiri kapena kutatu: phazi linapalasa pansi mwachangu, chiuno chinatsika, fumbi linakwera mpaka m'mawondo. Sindinaonepo munthu akuponda nthaka choncho. Kenako anaima chilili, ngati munthu amene wadzidzimuka kutulo.

Pakanjira panali pataima mkulu wa mpingo, bambo wachikulire wakwathu amene ankasoka zovala pamsika. Anabwera kudzakambirana ndi atate za tsiku lodzoza. Anali atagwira njinga yake ndi manja awiri, osaikhazika. Atate anavula mutuwo, ndipo awiriwo anayang'anana.

"Fikani, abambo," anatero atate.

"Ayi, ndidzabwera tsiku lina." Mkuluyo anatembenuza njinga, kenako anaimanso. Mawu ake sanali aukali, anali achisoni. "Zomangazo ndikanati ndi zoseweretsa ana. Koma phazi limenelo ndalizindikira."

Kuti iye analizindikira bwanji phazi limenelo, palibe anamufunsa, ndipo ine sindimufunsa lero poti anagona kalekale. Ndingoti mumpingo mwathu munali amuna ambiri amene akanalizindikira.

Dzuwa lisanalowe atate anathira palafini pa chilombocho n'kuchiyatsa. Ndinadandaula, ndinkafuna kuchisunga, koma anati chinthu chotere sichigona mpaka m'mawa. Tili chiimire kuyang'ana moto, ndinafunsa funso limene linali litayamba kundikanda.

"Atate, nanga zilombo zakwathu zija, zimene agogo amati zimachokera kumanda, nazonso...?"

"Zakwathu ndi zakwathu," anandidula. "Ine ndakuonetsa cha azungu."

Sanawonjezepo liwu, tsiku limenelo kapena lina lililonse. Zimene analumbira ali mnyamata anapita nazo kumanda. Madzulo amenewo ndinadya, ndinapempha zina, ndipo amayi ankandiwonjezera ndiwo uku akupukuta maso ndi nsonga ya chitenje. Pogona ndinakwawira pansi pa bedi, ndinatulutsa majombo aja n'kuwaika pakhomo, palibe anandiletsa.

Nkhani inayenda m'komboni ngati moto wa lupsa. Inawapweteka atate mbali ziwiri. Amuna ena akwathu a kumgodi, amene sanali a tchalitchi, anasiya kuwapatsa moni, ati anaonetsa mwana wamkazi zosayenera. A tchalitchi nawo anati wakudambwe ndi wakudambwe basi, ngakhale umusambitse ndi sopo. Amalume atamva anabwera kuchokera ku Ndola ndi buledi ndi chitini cha jamu, ndipo amayi anawalandira ndi mawu amene sindingawalembe pano, ngakhale anali mawu a Chikhristu onse.

Akulu a mpingo anawaitana atate pakati pa sabata. Zimene zinakambidwa kumeneko ndinazimva nditakula, kwa amayi, amene anazimva kwa mkazi wa mmodzi wa akuluwo. Sanali anthu oipa, ndipo ambiri ankawakonda atate. Anawatsegulira khomo. Anati angovomera kuti zonse zimene anachita tsiku lija zinali tchimo, alonjeze kuti sadzachitanso, ndiye kudzozako kungochedwetsedwa pang'ono mpaka anthu aiwale. Mkulu wosoka uja ndiye anachonderera kwambiri.

Atate anati za phazi zija akuvomera, linawatsogolera, ndipo akupepesa kwa Mulungu ndi kwa mpingo. Koma zomanga zija sangazitche tchimo.

"Mwana anali kutha," anatero. "Munamupempherera, ndikuthokoza. Kuchipatala anapita. Ine ndinali ndi chinthu chimodzi chokha chimene ndimadziwa, ndiye ndikanachisunga m'thumba mwana n'kumauma ndikuona? Lero akudya."

Abusa anawafunsa ngati angalonjeze kuti sadzachitanso. Amayi ankati pamenepa m'pamene munthu wanzeru akanangoti inde, poti ndani akanabwera kudzayendera kuseri kwa nyumba yathu? Koma atate anati, "Abusa, ndili ndi ana ena aang'ono. Sindingalonjeze."

Dzina lawo linachotsedwa. Anaimitsidwanso ku Mgonero kwa kanthawi chifukwa cha kuvina kuja. Pambuyo pake anabwezeretsedwa, koma pa ukulu sanasankhidwenso, ngakhale anakhala mumpingo umenewo mpaka kupuma ntchito. Amayi anakwiya sabata yathunthu. Anakwiyira akulu, anakwiyira amalume, anakwiyira azungu opanga zinthu zopanda pake, ndipo koposa onse anakwiyira atate chifukwa cha kukhulupirika kwawo kosadziwa nthawi. Ine sindinkadziwa chilichonse mwa izi. Ndinkangoona kuti kunyumba kuli zii, ndipo ndinali wotanganidwa ndi kufotokozera ana anzanga mmene amamangira zala za chilombo.

Lamulungu lodzoza linafika. Atate anadzuka m'mamawa monga mwa masiku onse, anapita kukayala mabenchi, kuphatikizapo benchi yakutsogolo imene anayenera kukhalapo. Kenako anakakhala kumbuyo kwenikweni, pafupi ndi khomo, kumene kumakhala oimitsidwa ndi ana osokosa. M'tchalitchi mwathu amuna ankakhala mbali yawo, akazi yawo. Amayi malo awo anali kutsogolo, pakati pa azimayi ovala zoyera. Tsiku limenelo analowa, anayenda mpaka pakati, anaima, n'kubwerera. Anakakhala benchi yomaliza ya mbali ya akazi, molunjikana ndi atate, nkhope ili gwa kuyang'ana kuguwa, ngati kuti ndi pamene amakhala chaka chonse. Mutu uliwonse unatembenuka, iwo osaphethira.

Ine ndinazemba kwa amayi n'kukadzipanikiza pambali pa atate. Abusa anaitana mayina, amuna awiri anadzuka kupita kutsogolo n'kugwada. Ndinadikira dzina lachitatu, limene ndinalimva likulengezedwa masabata onse aja. Silinabwere.

"Atate, akuiwalani," ndinanong'ona, kunong'ona kwa mwana kumene kumamveka mabenchi atatu. "Pitani."

"Khala chete. Imba."

Mpingo unayamba nyimbo, atate n'kuyamba nawo, koma pa mzere wachiwiri mawu awo anathyoka. Anayesanso, anathyokanso. Ndinayang'ana m'mwamba ndipo ndinaona chinthu chimene ndinali ndisanachionepo, atate anga akulira, osapukuta, buku la nyimbo lili m'manja. Ankaufuna ukulu umenewo. Ankaufuna ndi mtima wonse, ndipo palibe tsiku limene ananamizira kuti sankaufuna. Ndikakumbukira lero zimandipweteka, chifukwa tsopano ndikudziwa mtengo wake, ndipo ndikudziwa amene anagulidwa nawo.

Koma tsiku limenelo ndinali mwana, mapemphero anali atatalika, ndipo m'mimba munkalira. Ndinawakoka mkono wa malaya.

"Atate, ndili ndi njala."

Anandiyang'ana, misozi ikadali pamasaya.

"Wati chiyani?"

"Njala."

Anaseka, kuseka kotulukira m'mphuno, mpaka bambo wa benchi yakutsogolo anacheuka. Anatseka buku la nyimbo, anandigwira dzanja, ndipo tinatuluka pakhomo abusa akusanjika manja pa anthu ena. Kunja kwa mpanda wa tchalitchi kunali mayi wogulitsa zitumbuwa. Atate, amene sankagula kanthu pa Sabata chibatizidwireni, anandigulira ziwiri, nakhala pa mwala kundiyang'ana mpaka ndinamaliza.